A Maliro Anafera pa Tebulo Langa ku Halale

Mawu a Efulemu Kansengwa potsegulira nyumba ya kanema ya ku Mitundu, Julayi 1958

Olemekezeka Bwana amene mwabwera m'malo mwa a Disi a boma lathu la Lilongwe. Olemekezeka mafumu athu, eni nthaka ino, kuyambira kuno ku Mitundu mpaka ku Nathenje ndi kutsikira ku Diamphwe. Olemekezeka abusa, ansembe ndi mashehe. Olemekezeka a Jeremiah Mkwapatira, wapampando wa komiti imene yamangitsa nyumba tikuiyang'anayi. Mayi Zipora pamodzi ndi amayi nonse amene munasenza madzi oumbira njerwa. Aphunzitsi ndi ana a sukulu. Eni masitolo, alimi a chimanga ndi fodya. Abambo ndi amayi, amene mwabwera pa njinga, amene mwabwera pa ngolo, ndi ambirife amene tazolowera kudalira miyendo: landirani moni wanga nonse.

A Jeremiah atanditumizira mawu ku Halale kuti ndidzakhale mlendo wolemekezeka pamwambo uno, ndinayamba ndaseka. Akuluakulu amati mlendo ndiye amadza ndi kalumo kakuthwa. Kalumo ndili nako ndithu, pakuti kudula ndiyo ntchito imene yandidyetsa zaka zonsezi. Koma zoti ndine mlendo, pamenepo ndikukayika. Ndi mlendo wanji amene theka la anthu ali panowa linamuona akuthamanga pamsika wa Nathenje wopanda kabudula? Ndikuona amayi ena apo akugwedeza mutu. Musanene zambiri, amayi, lero ndavala jekete.

Ndiyambe ndi kuthokoza, chifukwa chimene mwachita kuno si chaching'ono. Mpaka lero, bayisikopo tinkamuonera pabwalo. Galimoto ya boma inkabwera, anthu ake n'kumanga chinsalu choyera pakati pa mitengo iwiri, ife n'kumadikira kuti dzuwa lilowe. Mphepo ikaomba, nkhope ya munthu pachinsalupo inkafufuma ngati yalumidwa ndi njuchi. Mvula ikagwa, tonse tinkabalalika nkhani ili pakati. Amayi a makanda sankabwera, okalamba sankabwera, ndipo a kutali ankayamba aganiza za afisi a m'njira. Inu munakhala pansi n'kunena kuti tiyeni timange nyumba ya mazenera a matabwa, kuti tikatseka mkati mukhale mdima ngakhale kunja dzuwa lili paliwombo. Abambo munaumba njerwa ndi kuziotcha, amayi munatunga madzi, a ngolo munatuta mchenga, a masitolo munapereka misomali ndi malata. Mutu umodzi susenza denga, ndipo denga ili lasenzedwa ndi Mitundu ndi Nathenje yense. Dziombereni m'manja.

A Jeremiah andipempha kuti ndifotokoze pang'ono za ntchito yanga, chifukwa akuti kumudzi kuno ena amati ndine dalaivala wa bayisikopo, ena amati ndimakhala kuseri kwa chinsalu kumayendetsa anthu aja ndi zingwe. Ndiloleni ndilongosole momwe zinayendera.

Ntchito yanga inayambira pakhonde la sitolo ku Nathenje, pa makina osokera a Che Mfaume, amene akhala apo ndi chisoti choyera. Bambo anga ankafuna kuti ndizilima nawo fodya, koma ine maso anali pa makina aja. Che Mfaume ananditenga. Miyezi yambiri sanandilole kukhudza sizasi. Ndinkangosoka mabatani ndi kupinda m'mphepete mwa nsalu. Tsiku limene anandipatsa sizasi koyamba, anandigwira dzanja n'kunena kuti, "Efulemu, ulusi ukalakwa umasomola n'kusokanso. Koma sizasi ilibe pepani. Yamba wayang'anitsitsa, kenako udule." Che Mfaume, mawu amenewo ndinapita nawo kutali kuposa kumene inu munaganiza. Zikomo.

Nkhondo itatha, anzanga onse anali kupita kunja kukagwira ntchito, nanenso mtima unanyamuka. Ndinakwera lole ya Ulere, ija yonyamula ofuna ntchito kwaulere, kupita ku Halale. Bambo anandiperekeza mpaka pamsewu, ndipo mawu awo anali ochepa. Anangoti, "Pita, koma usakachone."

Ku Halale ndinapeza ntchito ya utelala pa sitolo ina. Tsiku lina kunabwera mzungu atanyamula chinsalu chachikulu chong'ambika pakati, chija choonetserapo bayisikopo. Anali wa ku ofesi yopanga kanema. Antchito ake ankamutcha Bwana Kaliwo, chifukwa kaliwo sankachoka pakamwa pake, kaya muli fodya kaya mulibe. Chinyanja anachiphunzira ku nkhondo kwa asilikali a kwathu kuno, ndipo ankachilankhula molimba mtima, ngakhale pena chinkayenda chammbali ngati nkhanu. Ndinasoka chinsalu chija. Iye atabwera kudzatenga anachiunika padzuwa, kufunafuna msoko, ndipo anatenga nthawi asanaupeze. Kenako anandifunsa kuti, "Iwe, ungalumikize chinthu chaching'ono kuposa ichi?" Ndinati, "Chikhale chooneka ndi maso, Bwana." Sabata yotsatira ndinali m'chipinda chodulira filimu.

Tsono mvetserani, chifukwa apa ndi pamene ambiri sadziwa. Kanema amene mumaonera uja sajambulidwa mmene mumamuoneramo. Filimu ndi lamba wautali, wopyapyala, wokhala ndi tizithunzi tating'ono ngati chikhadabo, tondondozana. Ojambula amapita kumudzi, lero ajambula mapeto, mawa ajambula chiyambi, mkuja abwereza chifukwa nkhuku inadutsa pakati. Zonsezo amaziika m'zitini n'kubwera nazo kwa ife zili piringupiringu. Wodula ndiye amakhala pa tebulo, getsi lili pansi pa galasi, magolovesi oyera kumanja, n'kumasankha: ichi chikhale, ichi chichoke, ichi chitsogole, ichi chitsatire. Chokhala amachimata ndi guluu wonunkha kwambiri, chochoka chimagwera m'dengu. Munthu akatsegula chitseko Lolemba ku Dedza, ine nditha kumulowetsa m'nyumba Lachisanu ku Zomba, inu osadziwa kanthu. Si ufiti, abusa, ndi sizasi chabe.

Ndinaikonda ntchitoyo. Ndinadula kanema wa thonje, wa akalozera, wa kusamala ng'ombe, wa kuphika ndi kulera ana. Ndikanatha kukalambira pa tebulo lomwe lija, mtima uli phee, pakadapanda chimene chinandichitikira chaka cha 1951.

Chaka chimenecho, nthawi ya dzinja, bambo anga anamwalira. Uthenga unandipeza maliro ataikidwa kale, ndipo mitsinje inali yodzaza. Sindinawaonenso chichokere tsiku lija pamsewu. Kwathu kunalibe chithunzi chawo ngakhale chimodzi. Amene munkawadziwa mukukumbukira kuti sanali munthu woima chilili kudikira wojambula.

Patapita miyezi ingapo, Bwana Kaliwo anandipatsa zitini zimene zinakhala nthawi yaitali pa shelefu. Anati ndi za msika wa fodya ku Nyasalande, zojambulidwa chaka chapitacho, ndipo anali atachonga kale ndi pensulo yofiira zidutswa zoti nditaye. Ndinaika filimu m'makina oonera n'kuyamba kupukusa. Ndinangoona mtengo wa kachere umene ndimaudziwa. Ndinaona denga la shedi ya sikelo. Ndinazindikira pomwepo: apa ndi pa Nathenje. Ndikupukusabe, ndinaona munthu akutula mtolo wa fodya, nsana uli kwa ine. Anavula chipewa, n'kupukuta nacho thukuta, n'kutembenuka. Anayang'ana molunjika kwa ine, ndipo anaseka, dzino lawo lija lakutsogolo mulibe. Anali bambo anga. Ndipo mzere wofiira unadutsa pa iwo.

Ndinaimitsa makina. Kenako ndinavula magolovesi n'kukagogoda kwa Bwana Kaliwo.

"Bwana, kachidutswa aka ndisadule."

"Chifukwa chiyani? Munthuyo akuyang'ana kamera, ndipo akuseka pamene palibe choseketsa."

"Amenewa ndi bambo anga. Anamwalira dzinja lapitali."

Aka kanali koyamba kumuona atachotsa kaliwo pakamwa. Anabwera nane ku tebulo, nati, "Bweza tione." Tinaonera limodzi. Anati, "Bwezanso." Titatha anafufuta yekha mzere uja ndi chala, nati, "Asiye aseke."

Kanemayo anatuluka, ndipo galimoto ya boma inafika naye pa Nathenje. Ine kunalibe, koma mchemwali wanga Anna anandifotokozera nditabwera patchuthi, ndipo ambiri a inu munalipo. Mayi anga, a Naphiri, amene lero akhala apa kutsogolo, anali atayala mphasa pafupi ndi chinsalu, osadziwa kanthu. Bambo atatembenuka pachinsalu paja, anthu onse anawazindikira. Mayi anadzuka, n'kugwada, n'kuomba m'manja mwaulemu, nawatchula bambo pa mfunda wawo, nati, "Takuonani, a Banda." Anthu anasowa chochita, kulira kapena kuseka. Ndiye mnansi wathu wina amene analipo tsiku lojambulalo anati, "Ine ndikudziwa chimene akusekacho. Mbuzi inali kudya chipewa cha kalaliki wa sikelo." Bwalo lonse linagwa nako kuseka, mayi anga akuseka misozi ili mbwembwembwe, ndipo anthu anamukakamiza mwini galimoto kuti abweze malo amenewo mpaka injini inatentha. Nditafika ine kumudzi, funso loyamba la mayi linali lakuti, "Bambo akowo ukuwasunga bwino kumeneko?" Ndinati, "Ali m'chitini chouma bwino, mayi, chiswe sichifikako."

Nditabwerera ku Halale, ntchito yanga ndinayamba kuiona mwina. Ndinazindikira kuti wodula amasankha pa zokhazo zimene ena amubweretsera. Wojambula wa pamsika uja akanatembenuza kamera pang'ono chabe, bambo anga sakanalowa m'chitini, ndipo sizasi yanga sikanawapeza. Ndinaganiza za anthu a kwathu kuno, mmene amayendera, mmene amasekera, mmene amalandirira mlendo, ndi mmene kawirikawiri ankaonekera pachinsalu: munthu wosadziwa kanthu, wodikira kuuzidwa. Ndinafuna kukaima pamene pamagamulidwa kumene kamera iyang'ane. Amene amaima pamenepo ndiye wotsogolera kanema: amauza osewera chochita, amauza wojambula chojambula, ndipo nkhani yonse imakhala m'mutu mwake.

Ndinamuuza Bwana Kaliwo maganizo anga. Anandiyankha moona, ndipo Bwana wa ku boma andikhululukire pobwereza mawu ake pano. Anati, "Efulemu, mu ofesi ino ntchito imeneyo sinapatsidwepo munthu wakuda, ndipo akuluakulu sangalole. Chimene ndingathe n'kukutenga ngati womasulira." Ndinavomera. Kwa zaka zingapo ndinkapita nawo kumidzi, kunyamula miyendo ya kamera, kumasulira mawu, kuthamangitsa nkhuku, kenako n'kubwerera ku tebulo langa kukadula zimene tajambula. Kudikirako kunkawawa, sindibisa. Koma ndinkaphunzira. Usiku uliwonse... ayi, ndisaname pamaso pa abusa, usiku ndinkagona. Masana ndi pamene ndinkayang'anitsitsa, n'kumadzifunsa kuti ndikanakhala ine ndikanaika kamera pati. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Chaka chatha, mwezi wa Okutobala, tinafika kuno ku Mitundu. Ofesi inafuna kanema wophunzitsa za madzi abwino. Nkhani yake inali yotere: bambo wina amwa madzi a padambo pamene pamamweranso ng'ombe, adwala kamwazi, amwalira, mkazi wake alimbikitsa mudzi kukumba chitsime chovundikira, ndipo matenda achepa. Ine ndinapempha kuti chitsimecho chisakhale chongoyerekeza, tikumbe chenicheni, chomanga ndi simenti, kuti ife tikapita chitsale. Bwana anavomera. Pofuna osewera, mafumu anatilozera banja la a Maliro ndi mayi Martina, amene akhala apo. Imirirani pang'ono anthu akuoneni. Dikirani kaye ndi nthungululu, amayi, nkhani ikubwera.

Masiku oyamba zonse zinayenda bwino. A Maliro anamwa madzi padambo mwaluso, ngakhale kuti m'chikho tinali titawaikira madzi ophitsa. Anayenda atagwira pamimba mochititsa chifundo, mpaka agogo ena odutsa anaima kufunsa ngati titumize munthu kwa sing'anga. Kenako linafika tsiku la imfa. Tinayala mphasa m'nyumba, tinakonza nsalu yofunditsa, ndipo ndinamasulira mawu a Bwana kuti a Maliro agone pamenepo, atseke maso, tiwafunditse mpaka kumutu.

A Maliro anayang'ana mphasa, anayang'ana nsalu, anandiyang'ana ine. Anati, "A Kansengwa, inu ndinu mwana wa kuno. Ine dzina langa lomweli ndi Maliro. Ndiye mukuti ndigonenso pamphasa, mundifunditse nsalu, mkazi wanga alire? Mukundiitanira chiyani?"

Ndinati, "Ndi sewero chabe, achimwene."

Anati, "Sewero limeneli kachiteni ndi munthu wa dzina lina."

Atsibweni awo anabwera nawonso, n'kunena kuti m'banja mwawo munthu wamoyo salirilidwa, ndipo amayi amene tinawapempha kudzakhala pakhonde ngati pasiwa anatola nsalu zawo n'kumapita. Sindikuwanena, anali ndi chifukwa. Nanenso akanandiuza kuti ndigone pamphasa paja, sindikudziwa ngati ndikanagona.

Tsoka siliyenda lokha. Tsiku lomwelo Bwana Kaliwo anayamba kunjenjemera dzuwa likuswa mtengo, ndipo pofika mmawa malungo anali atamugwira kolimba, moti anayenera kutengedwa pa lole kupita ku chipatala ku Lilongwe. Chizimalupsa chinali chitagwa kale, ndipo madzulo aliwonse mitambo inkaunjikana pamwamba pa Dzalanyama. Wojambula wathu, mnyamata wachizungu wa ku Halale, anayamba kulongedza katundu. Anati popanda wotsogolera ndiponso popanda womwalira palibe kanema, ndipo mvula ikatseka msewu tikhala kuno mpaka Epulo. Ine ndinayang'ana chitsime chija. Chinali chitakumbidwa kufika m'chiuno, simenti ili pa lole. Tikanachoka, tikanakusiyirani dzenje logweramo ana.

Ndinapita pa lole pamene anagoneka Bwana. Ndinati, "Bwana, ndiloleni ndimalize."

Anatsegula diso limodzi, nati, "Womwalira umupeza kuti?"

Ndinati, "Sindikumufuna. Ndikamupezera pa tebulo."

Anaitana wojambula uja, namuuza pamaso pa onse kuti, "Chimene anene Efulemu, ndanena ndine." Mnyamatayo nkhope inafiira, koma ndimuchitire umboni: anamasula katundu, ndipo kuyambira tsiku limenelo anagwira ntchito nane mokhulupirika, osanyinyirika.

Ndinabwerera kwa a Maliro. Ndinati, "Achimwene, pamphasa simugona, nsalu sitikufunditsani, ndipo palibe amene akulireni. Ndikungopempha kuti mulowe m'nyumba mwanu mutagwira pamimba, mutseke chitseko."

Anati, "Basi?"

Ndinati, "Basi."

Anati, "Nanga ndifa liti?"

Ndinati, "Mukafera ku Halale pa tebulo langa, inu muli kuno mukupalira chimanga."

Anaganiza pang'ono, nafunsa atsibweni awo. Atsibweniwo anati, "Zochitikira ku Halale sizitikhudza." A Maliro analowa m'nyumba, natseka chitseko, natulukira kuseri, n'kukakhala pamthunzi kumadya mango.

Tinajambula chitseko chili chitsekere. Tinajambula khasu la a Maliro litatsamira chipupa, chipewa chawo chili pampini. Mmawa wake tinajambula abambo akuyenda pamzere, makasu ali pamapewa, kamera ili kumbuyo kwawo. Abambo amenewo ankapita kukapitiriza kukumba chitsime, ndipo ankakambirana za mtengo wa fodya. Koma mukawaona lero atangotha kuoneka chitseko ndi khasu lija, mtima wanu ukuuzani wokha kuti awa ndi adzukulu. Ndinawauza abambowo chimene ndidzachite ndi misana yawo, ndipo anavomera, malinga nkhope zisaoneke. Ena a inu mudzizindikira ndi zigamba.

Panatsala mayi Martina. Nkhani inkafuna kuti aoneke ali ndi chisoni, koma nthawi iliyonse kamera ikayamba kulira, iwo ankaphulika ndi phwete, chifukwa amuna awo ankaima kumbuyo kwathu n'kumawatsinzinira diso, msuzi wa mango uli pachibwano. Ndinawabwereka njinga a Maliro n'kuwatuma ku Nathenje kukagula chingwe cha ndowa. Atapita, ndinayamba kuwafotokozera mayi Martina mmene munthu woferedwa amaonekera. Iwo anandidula. Zimene ananenazo ndawapempha mmawa uno kuti ndizinene pano, ndipo andilola.

Anati, "A Kansengwa, musandiphunzitse zimenezo. Mwana wanga Yona anapita ndi matenda omwewa, madzi ake a padambo lomweli. Anali atangoyamba kuyenda. N'chifukwa chake ndinavomera kusewera. Ingondiuzani poima."

Ndinangowalozera pakhomo. Anatenga mtsuko wa madzi a padambo, anaima, anayang'ana njira yopita kudamboko nthawi yaitali, kenako anapendeketsa mtsukowo n'kutaya madzi onse pansi, pang'onopang'ono. Zimenezo sindinawauze ine. Sanalire. Wojambula uja atazimitsa kamera anapita kuseri kwa lole, ndipo anachedwako. Tsiku limenelo ndinaphunzira kuti wotsogolera ayenera kudziwa nthawi yolamula, ayeneranso kudziwa nthawi yotseka pakamwa.

Chitsime tinachimaliza, tinachimanga, tinachivundikira, ndipo ndowa yoyamba inatuluka kamera ikuona. Tinanyamuka mabingu akugunda, ndipo mvula inatipeza titangokwera msewu waukulu pa Nathenje.

Ku Halale ndinakhala pa tebulo langa lakale n'kudula kanema wanga woyamba. Nditamaliza, akuluakulu a ofesi anasonkhana kudzaonera. Bwana Kaliwo anali atachira, ataonda ngati bango, kaliwo ali pamalo pake. Magetsi atayaka, mkulu wa onse anafunsa kuti, "Anthu a kumudziko anakulolani bwanji kujambula maliro?" Bwana Kaliwo anati, "Kunalibe maliro. Ndipo ine kunalibe. Funsani Efulemu." Anakambirana okhaokha masiku angapo. Sindikudziwa zonse zimene zinanenedwa m'chipinda chimenecho, koma ndikudziwa kuti Bwana Kaliwo anatulukamo mawu atasasa. Chotsatira chake muchiona posachedwa: kumayambiriro kwa kanemayu kwalembedwa dzina la wotsogolera, ndipo ndi dzina la ku Nathenje. Ana a sukulu, muwawerengere mokweza amayi anga. Andipatsanso kanema wachiwiri, amene ndiyambe kujambula mwezi wa mawa.

Olemekezeka nonse, sindinakambe izi kuti mundiombere m'manja, ngakhale kuti mwaomba kale ndipo ndalandira. Ndakamba kuti achinyamata amene mwakhala kumbuyoko mumve. Ntchito imene muli nayo lero, kaya ndi yosoka, kaya ndi yopala matabwa, kaya ndi yokonza njinga, igwireni ndi manja awiri, pakuti simudziwa khomo limene idzakutsegulireni. Ndipo khomo likachedwa kutseguka, musachoke pakhondepo mokwiya, khalani pomwepo mukuphunzira. Atsikana, mawu amenewa ndi anunso. Chinthu chabwino koposa mu kanema muonereyu sanachiganize mwamuna.

Kwa a komiti ndili ndi pempho. M'nyumba muno mudzabwera akanema a azungu okwera mahatchi ndi kuomberana mfuti, ndipo ana adzawakonda. Palibe cholakwa, nanenso ndimawaonera. Koma muzikumbutsa a boma kuti tikufunanso kuona nkhope zathu, minda yathu ndi misika yathu. Nyumbayi muisamale. Likadontha denga, konzani lisanaole phaso. Fodya musasutire pafupi ndi makina, chifukwa filimu imayaka msanga kuposa udzu wa mu Okutobala. Ndipo masiku amene kulibe kanema, chitseko chisachite dzimbiri: amayi aphunziriremo kusoka, alimi akumaniremo, ana ayimbiremo.

Ndithokoze Bwana wa ku boma chifukwa cha makina oonetsera ndi injini ya magetsi zimene mwatibwereka. Ndithokoze mafumu chifukwa cha malo. Ndithokoze a Jeremiah ndi komiti yawo chifukwa cha kupirira. Ndithokoze mayi Zipora ndi gulu lawo, amene andiuza kuti madzi oumbira njerwa zomalizira anatungidwa pachitsime chomwe chija. Andiuzanso kuti dzinja lapitali, m'mudzi wa a Maliro simunaikidwe mwana ngakhale mmodzi chifukwa cha kamwazi. Pa zonse zimene ndamva chifikire kuno, mawu amenewo ndiwo andikondweretsa koposa.

A Jeremiah anandipatsa kiyi kuti nditsegule ndine, koma ndawapempha kuti ndigawane ulemuwu, ndipo avomera. A Maliro, mayi Martina, bwerani kutsogolo kuno. Bwerani naye mwanayo, mayi, musamutsitse kumbuyo. Amene simukudziwa, ameneyu ndi Masozi, wabadwa mwezi wa Meyi. Tsopano amayi mukhoza kuimba nthungululu zija.

A Maliro, kiyi ndi uyu. Mutsegule, mulowe oyamba, ndipo mukakhale pa benchi yakutsogolo, pamene aliyense angakuoneni. Abale anga, mukaona chitseko chatsekeka pachinsalupo, mukaona khasu ndi chipewa, mtima ukayamba kulemera, musathamangire kukapepesa mayi Martina. Ingoyang'anani kutsogolo. Mwini wake akhala ali pomwepo, wamoyo, wonenepa, akudzionera yekha mmene anafera.

Ndi mawu amenewa, m'dzina la onse amene anaumba, anatunga, anasenza ndi kukhoma, ndikulengeza kuti nyumba ya kanema ya ku Mitundu yatsegulidwa kuyambira lero. Tsekani mazenera, lizani injini, tilowe.

Zikomo kwambiri.